Mwawina mlandu, nanga ndalama zili kuti?

Sabata yatha ku ofesi kunabwera mayi wina wogulitsa salaula ku Kapata, mumzinda wa Chipata ku Zambia, pepala la chigamulo ali nalo mu pulasitiki ya shuga, lopindapinda mpaka chidindo chayamba kufufutika. Anawina mlandu wa nkhongole kwa majisitireti miyezi 8 yapitayo koma olo ngwee sanaigwirepo. Akuti, "A loya, kodi akhoti adzandiitana liti ndikatenge ndalama zanga?" Ndinawauza mosabisa kuti amayi, sadzakuitanani.

Khoti likagamula silinyamuka lokha kukalonjerera, mwini mlandu ndi amene amabwerera kukapempha. Njira yodziwika ndi ija timangoti fifa, osati ya mpira ayi, dzina lake lonse ndi writ of fieri facias, pepala lolamula ofesi ya Sheriff kutumiza mabelifi kukalanda katundu wa wankhongole n'kumugulitsa pa okushoni. Koma mabelifi si asing'anga, salosera kumene kuli katundu, inuyo ndi amene mumawalozera nyumba, shopu, galimoto kapena khola la ng'ombe, ndipo katunduyo akhale wakedi, chifukwa mukalozera fuliji ya alandilodi kapena ngolo ya apongozi ake mwini wake adzadandaula kukhoti ndipo mwadziputira mlandu wina. Ngati mukudziwa banki yomwe amasungako ndalama mutha kupempha garnishee order, banki n'kulamulidwa kulipira inu. Kupolisi musataye nthawi, nkhongole wamba si ntchito yawo. Katundu wa boma salandidwa, lamulo la State Proceedings Act limaletsa. Komanso musagone nalo pepala, pakadutsa zaka 6 muyenera kupempha kaye chilolezo cha khoti musanatumize mabelifi.

Chomwe chinawatopetsa kwambiri mayiwa n'chakuti bambo wankhongoleyo ataluza anathamangira ku Local Court kukasuma nkhani yomweyo ngati yatsopano, akuti mwina kumeneko amumvera. Izi lamulo limakana, timazitcha res judicata, kutanthauza kuti nkhani yomwe khoti loyenera linaigamula mpaka kumapeto, pakati pa anthu omwewo, siyambidwanso. Mumangopita ndi chigamulo choyamba chija n'kuonetsa, mlandu wachiwiriwo umathera pomwepo.

Apa pali msampha womwe umakola ngakhale owina. Mlandu wa ku England wa 1843, Henderson v Henderson, womwe makhoti athu amautsatira, unati zonse zomwe munayenera kunena pa mlandu woyamba muzinene pomwepo. Ndiye ngati munthu anatenga mabelo atatu inu n'kusumira awiri okha poganiza kuti lachitatu mudzalitsata chaka chamawa, mwina mwalitaya. Enafe timaona kuti lamuloli nthawi zina limapweteka anthu osauka omwe analibe loya wowauza, koma popanda ilo munthu wandalama akanamakukokerani kukhoti chaka ndi chaka mpaka mutagulitsa mbuzi zonse.

Woluza njira yake ndi apilu, kukhoti lapamwamba, nthawi zambiri pasanathe masiku 30. Kuchoka kwa majisitireti amapita ku High Court, kuchoka apo ku Court of Appeal yomwe inabwera ndi kusintha kwa malamulo a dziko mu 2016. Ndipo apilu payokha siimitsa mabelifi, mpaka woluzayo apemphe stay of execution, lamulo loimitsa kaye kulanda katundu, khoti n'kuvomera. Zitseko zina zilipo zochepa, monga ngati chigamulo chinapezeka mwachinyengo, kapena munaweruzidwa mulibe chifukwa samoni sinakufikeni. Ndalama zosamalira ana nazo zimatha kuonedwanso zinthu zikasintha.

Mayi aja ndinawafunsa chomwe bamboyo ali nacho, anayamba ati alibe kanthu, kenako anakumbukira kuti ali ndi chigayo ku Mchini chomwe amachitamanda pa Facebook. Tinalemba mapepala a fifa tsiku lomwelo.