Update imene imabweza mantha mu gemu yoopsa

Chimene chimapha gemu yoopsa msanga ndi kutopa kwa wosewera. Munthu akazungulira m'chipinda chimodzimodzi kwa nthawi yaitali osapeza chochita, mdima umene unkamunjenjemeretsa poyamba umangokhala chinthu chomutchinga maso, mantha n'kutha. Ife amene timayesa magemu timadziwa kuti update yabwino, kutanthauza zokonza zimene opanga amatumiza gemu itatuluka kale, imayambira pa vuto limeneli.

Titenge Fobia – St. Dinfna Hotel, imene kampani yaing'ono ya ku Brazil, Pulsatrix Studios, inatulutsa mu 2022. Inu mumakhala Roberto, mtolankhani amene wapita ku tauni yopeka ya Treze Trilhas m'chigawo cha Santa Catarina, n'kupezeka kuti watsekerezeka mu hotela yowonongeka. Roberto ali ndi kamera yoonetsa zimene maso sangaone, ndipo kuti mupite patsogolo muyenera kupeza makiyi, kuwerenga makalata ndi kutulukira manambala otsegulira maloko. Gemu yotere ili ngati unyolo, mphete imodzi ikaduka zonse zaima.

Opanga akakhala ochepa, amadutsa m'zipinda mwa dongosolo limene iwo eni anakonza. Gemu ikafika kwa anthu masauzande, wina amatola chinthu nthawi yake isanakwane, wina amasunga gemu ali pakati pa chochitika, ndiye chitseko chofunika chimakana kutseguka mpaka kalekale. Pa ntchito yathu vutoli timalitchula kuti soft lock: gemu ikuyenda bwinobwino koma simungathe kuimaliza. Choopsa chake n'chakuti wosewera sadziwa kuti gemu yalakwa. Amaganiza kuti nzeru zake ndi zimene zaperewera, ndipo amataya madzulo onse kufunafuna yankho limene kulibe. Update yoyamba iyenera kuchotsa zimenezi isanakhudze china chilichonse.

Kenako pamabwera kuwala, ndipo apa m'pamene ndimaonera luso la opanga. Kiyi amene amaoneka bwino pa sikirini ya mu ofesi yawo akhoza kusoweratu pa laputopu yakale kapena pa TV imene ili m'chipinda chowala. Opanga ena amathamangira kuika muvi wolozera pamene pali kiyiyo. Zimenezi zimandiwawa, chifukwa munthu anagula gemuyo kuti aganize yekha. Njira yabwino ndi kusuntha nyali pang'ono, kuchititsa kuti chitsulo chinyezimire, kapena kuika kaphokoso kokopa khutu kumbali imeneyo. Wosewera amapeza kiyi ndipo amanyadira kuti wamupeza yekha. Kudodomadodoma kwa zithunzi nakonso kumakonzedwa, popeza chilombo chikatulukira gemu ili chiimire kwa kamphindi, kudzidzimuka konse kwapita.

Kwa magemu a ku Brazil palinso nkhani ya chilankhulo. Amalembedwa m'Chipwitikizi kenako n'kumasuliridwa. Ganizirani Enigma do Medo, gemu ya kampani ya Dumativa ndi Cellbit, katswiri wotchuka poulutsa magemu pa intaneti, imene mu 2020 inasonkhetsa ndalama zoposa 4 miliyoni za ku Brazil pa Catarse, tsamba limene anthu amasonkherapo ndalama zothandizira ntchito zatsopano, ndipo inatuluka mu 2024. Mumasewera ngati Mia, amene akufufuza bambo ake osowa, ndipo ntchito yaikulu ndi kuwerenga ndi kulumikiza umboni. M'gemu ya mtundu uwu, chiganizo chimodzi chomasuliridwa molakwika chikhoza kusocheretsa aliyense wosadziwa Chipwitikizi, choncho kukonza malemba n'kofunika mofanana ndi kukonza pulogalamu.

Changu chotulutsira update chili ndi chifukwa cha ndalama. Pa Steam, sitolo ya magemu ya pa intaneti, munthu akhoza kubwezeredwa ndalama zake ngati wasewera maola osakwana 2 mkati mwa masiku 14 chigulireni, ndiye cholakwika cha kumayambiriro chimadya phindu la kampani yaing'ono nthawi yomweyo. Pa kompyuta opanga amatha kutumiza update tsiku lomwelo, pamene pa PlayStation ndi Xbox imayamba yadutsa kaye poyesedwa ndi eni makinawo, n'chifukwa chake nthawi zambiri imachedwerako.

Mukafuna kugula gemu yotere, tsegulani tsamba lake pa Steam muone zimene opanga alemba pa update iliyonse. Mukaona akutchula chipinda chenicheni, chitseko chenicheni kapena kalata imene aikonza, dziwani kuti akuwerenga madandaulo a osewera ndipo akubwerera mu gemu yawo kukaona okha.