Ku madrasa samangoloweza basi

Ndatopa kumva zoti wophunzira za Chisilamu amangoloweza mawu a Chiarabu osadziwa tanthauzo, ndiponso kuti maphunzirowo alibe ndondomeko. Ndinayamba kuzimva ndili mwana, mpaka lero zikuyendabe.

Kuloweza kulipo ndithu. Mwana amayamba ndi zilembo 28 za Chiarabu, kenako masura afupiafupi a kumapeto kwa Qur'an, yomwe ili ndi masura 114. Koma awo ndi maziko chabe. Wofuna kuzama amaphunzira tajwid, malamulo a katchulidwe, ndi nahw, galamala ya Chiarabu, kuti azimva yekha zimene akuwerenga. Kenako pamabwera hadith (zonena ndi zochita za Mtumiki Muhammad), tafsir (kutanthauzira Qur'an) ndi fiqh (malamulo a Chisilamu).

Fiqh imayenda mwadongosolo. Ophunzira amayamba ndi twahara, malamulo a kudziyeretsa, mpaka kusiyanitsa madzi oyenera kutawazira ndi osayenera, ndiye swala (mapemphero), zaka (chopereka kwa osauka), kusala ndi hajj (ulendo wa ku Makka), kenako malonda ndi ukwati. Akafika pa kugawa chuma cha womwalira, cholembera chimagwira ntchito: mkazi wamasiye amalandira gawo limodzi mwa magawo 8 ngati malemu anasiya ana, limodzi mwa magawo 4 ngati sanasiye. Masamu enieni amenewo. Pophunzira zonsezi, kawirikawiri amayamba ndi kabuku kakafupi, kotchedwa matn, kenako buku lokulirapo lokafotokoza, sharh.

Zoti mutsimikize sizovuta. Pitani ku madrasa ya kwanuko, mupemphe shehe akuonetseni mabuku a chaka ndi chaka, kapena funsani wophunzira wamkulu akumasulireni ndime imodzi. Uthenga wonyoza maphunzirowa ukakupezani pa WhatsApp, musautumize kwa ena musanafunse.