Chikho cha mwavi ndi lamulo la 1911

Mkangano wa lamulo la ufiti, womwe unakolera pamene bungwe lounikanso malamulo linapereka maganizo akuti boma livomereze kuti ufiti ulipo, ukutibwezera ku chaka cha 1911, pomwe boma la atsamunda la Nyasaland linaletsa kumwetsa anthu mwavi.

Mwavi unkachokera ku khungwa la mtengo wapoizoni, lomwe mapondera, munthu womwetsa mwaviyo, ankalisinja n'kulisungunula m'madzi, ndipo woganiziridwa ufiti ankamwa khamu la anthu likupenya. Akasanza, amayi ankaimba nthungululu ndipo womunenera uja ankalipa. Akapanda kusanza, ankayamba kudzandira mpaka kugwa chifukwa poizoniyo amagwira mtima, ndipo mtembo wake sunkalandira ulemu wa maliro. Nthawi zina unkatenthedwa kapena kutayidwa kuthengo. Pa milandu ing'onoing'ono ankamwetsa nkhuku kapena galu m'malo mwa munthu. Chomwe sichiyenera kuiwalika n'chakuti mlingo wonse unali m'manja mwa mapondera, munthu amene nayenso anali ndi abale, adani ndi mfumu yoti aisangalatse.

Zambiri zomwe timawerenga lero zinalembedwa ndi amishoni, amene anasimba za mafumu monga Chikusi wa Angoni a Maseko akumwetsa mwavi anthu ochuluka nthawi imodzi. Umboni wawo uyenera kuyezedwa bwino, popeza ankafunitsitsa kuti Britain ilowerere, komanso manja awo sanali oyera: ku mishoni ya Blantyre anthu ankakwapulidwa mwankhanza, ndipo mu 1879 munthu wina anawomberedwa ataweruzidwa pamishonipo, zomwe zinachititsa kuti mtsogoleri wa mishoniyo, Duff MacDonald, achotsedwe. Komabe amishoni omwewo analembanso kuti ambiri ankapempha okha mwavi kuti ayeretse dzina lawo, pokhulupirira kuti wosalakwa sangafe. Amene anamwa n'kugwa sanasiye mawu awo papepala lililonse.

Lamulo la 1911 linaletsa mwavi komanso kutchula munthu kuti ndi mfiti, koma ambiri analimva ngati boma lateteza mfiti, n'chifukwa chake amchape, omwe ankayenda m'midzi kumwetsa anthu mankhwala ochotsa ufiti, anapeza anthu owalandira ndi manja awiri m'zaka za m'ma 1930. Lamulolo likugwirabe ntchito, koma mu January 2016 ku Neno agogo anayi anaphedwa ndi anthu a m'mudzi mwawo mtsikana wina atamenyedwa ndi mphezi, ndipo panalibe ngakhale chikho choti asanze.