Mmene gemu ya galimoto zogundana inabutsira mkangano mu 1976

Anthu akamadandaula lero kuti magemu a pavidiyo akuphunzitsa ana nkhanza, ndi ochepa amene amadziwa kuti mkanganowu unayamba chifukwa kampani ina inkasowa chogulitsa.

Mu 1975 kampani ya Exidy ya ku California inapanga gemu yotchedwa Destruction Derby. Inatengera mpikisano wa ku America umene madalaivala amagundanitsa dala galimoto zakutha mpaka itatsala imodzi yoyenda. Gemuyi inali m'chibokosi chachitali choponyamo ndalama zachitsulo, ndipo wosewera ankagwira chiwongolero n'kumaponda moto. Exidy inapatsa kampani ya Chicago Coin chilolezo choigulitsa m'dzina lakuti Demolition Derby, koma Chicago Coin inali pa mavuto azachuma, moti Exidy inafunika kupeza msanga katundu wakewake.

Injiniya wawo, Howell Ivy, sanayambire pansi. Anachotsa galimoto zogundidwa zija n'kuikapo timizeremizere tokhala ndi manja ndi miyendo. Ukakagunda kamodzi kankalira mokuwa, ndipo pamalopo pankamera mtanda wa pamanda. Mitandayo sinkachoka, choncho ukamapha zambiri njira inkadzaza n'kumakutsekereza wekha. Gemu yatsopanoyi inatuluka mu 1976 ndi dzina lakuti Death Race.

Kampaniyo inkati tinthuto ndi tizilombo totchedwa gremlins, osati anthu. Kunena zoona, pa sikirini yakuda ndi yoyera ya nthawi imeneyo, amene akanasiyanitsa ndani? Mtolankhani wa bungwe lofalitsa nkhani la Associated Press ku Seattle, Wendy Walker, ataiona analemba nkhani imene manyuzipepala ambiri anaisindikiza. Bungwe loona za chitetezo la National Safety Council linaidzudzula kwambiri, nkhaniyo mpaka inafika pa wailesi yakanema. Phokoso lonseli linangoitsatsa malonda, eni malo osewerera anayamba kuitanitsa makina ambiri.

Patapita zaka 21 zinachitikanso, koma ulendo uno ku Britain. Gemu ya galimoto ya Carmageddon ya mu 1997 inkapereka mapointi kwa wogunda anthu oyenda pansi, ndipo bungwe lounika mafilimu la BBFC linakana kuivomereza. Eni ake a gemuyo anasandutsa anthuwo mitembo yoyenda ya magazi obiriwira, kenako anachita apilo n'kupambana. Ku Germany anaikamo maloboti.