Masamu a zaka: gwirani kaye chimene sichisintha

Mwa mafunso a masamu amene ana athu amakumana nawo pokonzekera mayeso a MANEB, kaya a Sitandade 8 kaya a Fomu 2, la zaka ndi limene limasowetsa makolo mtendere. Kholo limadziwa zaka zake, limadziwanso za mwana wake, koma funso likangoti zaka za mayi ndi mwana zili pa ratio ya 7:2, limabweza kope n'kuti akafunse aphunzitsi mawa. Chonsecho masamu amenewa mumawachita kale kumsika.

Tinene kuti amayi awiri asonkherana ndalama zokapikula usipa ku Senga Bay, wina K30,000, mnzake K20,000. Akapeza phindu la K15,000 sagawana pakati. Amaika milu isanu ya K3,000, woyamba atenge itatu, winayo iwiri. Imeneyo ndiyo 3:2. Manambala a ratio si ndalama, si zaka, ndi chiwerengero cha magawo ofanana. Ntchito yonse ili pa kupeza kukula kwa gawo limodzi.

Funso losavuta limabwera chonchi: zaka za mayi ndi mwana zili pa 7:2, ndipo kuziphatikiza zikukwana 45. Magawo onse ndi 9, choncho gawo limodzi ndi zaka 5. Mayi ali ndi 35, mwana 10. Apa ana ambiri savutika.

Pamene pamagona nkhani ndi pomwe funso lasuntha nthawi. Mayi ndi mwana ali pa 7:2 lero, pakatha zaka 15 adzakhala pa 2:1, pezani zaka zawo. Ndikamachonga makope, chimene ndimachiona kawirikawiri ndi 7 kuphatikiza 15, kenako 2 kuphatikiza 15, n'kupeza 22:17. Mwanayo waphatikiza zaka ndi magawo, zinthu zosiyana, ndipo pamenepo njira yatsekeka. Ena amakumbukira kumukulitsa mwana n'kumusiya mayi pa msinkhu womwewo, ngati kuti chaka chimasankha pofikira.

Njira ya m'kalasi ndi ya algebra. Gawo limodzi timalitcha x, mayi akhale 7x, mwana 2x. Pakatha zaka 15, mayi ali ndi 7x + 15, mwana 2x + 15, ndipo za mayi ndi kuwirikiza kawiri za mwana. Ndiye 7x + 15 = 4x + 30, kutanthauza kuti 3x = 15, x = 5. Njirayi ndi yolondola, ndipo wa kusekondale ayenera kuidziwa chifukwa wochonga amafuna kuona mmene yankho lapezekera. Koma ine sindikonda kuyambira pamenepo, chifukwa mwana amatha kuloweza mizere imeneyi osamvetsa chimene chikuchitika.

Ndimayambira pa funso ili: pa zonsezi, n'chiyani chimene sichisintha? Zaka zimasintha, ratio imasintha, koma kusiyana kwa zaka za anthu awiri kumakhala komweko mpaka kalekale. Mayi amene anabereka ali ndi zaka 25 adzaposa mwana wakeyo ndi zaka 25, ngakhale onse atamera imvi.

Tsono onani. Pa 7:2, kusiyana ndi magawo 5. Pa 2:1, kusiyana ndi gawo limodzi. Popeza zaka zosiyanazo ndi zomwezo, magawo a ratio yachiwiriyi ndi akuluakulu, sangafanizidwe ndi oyamba aja. Tiwaphwanye: chulukitsani 2:1 ndi 5, mupeza 10:5. Ratio sinasinthe, koma tsopano kusiyana ndi magawo 5 konsekonse. Mayi wachoka pa 7 wafika pa 10. Mwana wachoka pa 2 wafika pa 5. Aliyense wakwera ndi magawo atatu, ndipo magawo atatuwo ndiwo zaka 15 zija. Gawo limodzi ndi zaka 5, mayi 35, mwana 10, popanda x. Mukhoza kuziyala ndi njere za chimanga pamkeka, mwana n'kuziona ndi maso. Ngati awiriwo sanakwere ndi magawo ofanana, dziwani kuti mwalakwitsa pochulukitsa.

Banja lomweli tiliyendetse pang'ono. Zaka 5 zapitazo anali ndi 30 ndi 5, yomwe ndi 6:1. Mayi akadzafika 50 mwana adzakhala ndi 25, 2:1 ija. Pa 75 ndi 50 idzakhala 3:2. Ratio imanka niyandikira 1:1 koma sidzafikapo. Izi zimathandiza kugwira cholakwika msanga: mukapita m'tsogolo ratio iyenera kuyandikira 1:1, mukabwerera m'mbuyo italikirane nayo.

Pali msampha wina pa mafunso ophatikiza zaka. Ngati lero awiriwa ali ndi 45 pamodzi, pakatha zaka 5 sakhala ndi 50, akhala ndi 55, poti aliyense walandira zake zisanu. Akakhala atatu, muwonjezere 15.

Mwana akapeza yankho, asathamangire funso lina. Alibwezere m'funso: 35 ndi 15 ndi 50, 10 ndi 15 ndi 25, ndipo 50:25 ndi 2:1. Aonenso ngati yankholo n'lotheka. Akapeza mayi wa zaka 14 ndi mwana wa zaka 8, ndiye kuti mayiyo anabereka ali ndi zaka 6, ndipo ayambirenso pa kuwerenga magawo.