Katemera wa malungo ndi wa maulendo anayi: uthenga kwa olera ana m'boma la Mchinji

Amayi, abambo, agogo ndi nonse amene mukulera ana aang'ono, tatsegulani kabuku ka kusikelo ka mwana wanu, mupeze pamene amalemba katemera wa malungo. Masiku olembedwa pamenepo ayenera kukwana anayi. Mwana amabayidwa koyamba ali ndi miyezi 5, kachiwiri ali ndi miyezi 6, kachitatu ali ndi miyezi 7, ndipo komaliza akafika miyezi 22, kutangotsala pang'ono kuti akwanitse zaka ziwiri. Katemerayu ndi waulere, ndipo amaperekedwa kusikelo komweko kumene mwana amalandira akatemera ena onse.

Maulendo atatu oyambawo savuta kwenikweni, chifukwa mwana amakhala akadali kumsana ndipo mayi amapita naye kusikelo mwezi ndi mwezi. Wachinayi ndiye umaiwalika. Mwana wa miyezi 22 amakhala akuthamangathamanga pabwalo, akudya nsima ndi anzake, mwina mayi ake ali ndi pathupi pena kapena khanda m'manja. Ambiri timaganizanso kuti mwana akabayitsa wa chikuku ndiye kuti za katemera zatha. Ena amakhala atasamukira ku esiteti ya fodya, ena atadutsa pa Mwami kukakhala kwa abale mbali ya Chipata, kabuku katatsala m'sutikesi kumudzi. Tsiku likagwera nthawi yopalira kapena yokumba mtedza, sikelo ndi imene imayamba kusiyidwa.

Komatu mphamvu ya katemerayu imazirala miyezi ikamapita. Wachinayi ndi wodzutsa mphamvuyo, pa msinkhu umene malungo amakhala akadali oopsa kwa mwana.

Momwe amagwirira ntchito

Udzudzu wonyamula malungo ukaluma, umasiya m'thupi tizilombo ta malungo tochepa chabe. Tizilomboti sitidwalitsa tsiku lomwelo. Timayamba tapita kuchiwindi, n'kuswana mwakachetechete kwa masiku pafupifupi 7, kenako n'kukhuthukira m'magazi tili tambirimbiri. Apo ndi pamene mwana amatentha thupi, kusanza, ndipo magazi amayamba kuchepa. Katemera amaphunzitsa thupi kuzindikira chikopa cha kachilomboka, kuti asilikali a m'thupi akagwire kasanafike kuchiwindi. Mu katemeramo mulibe kachilombo kamoyo, choncho sangampatse mwana malungo.

Ana ena amatentha thupi pang'ono kapena kutupa pamene abayidwa, ndipo zimatha pakapita tsiku limodzi kapena awiri. Mwa apo ndi apo kutenthako kumakula mpaka mwana kukomoka. Zikatero musadikire kuti kuche, pitani naye kuchipatala.

Adachokera kuti?

Dzina la katemerayu ndi RTS,S, ndipo adapangidwa ndi kampani ya GSK. Ntchito yake idayamba mu 1987, ndiye mutha kuona kuti padapita zaka zoposa 30 asanafike pa ntchafu ya mwana wa kwa Mkanda kapena ku Kapiri. Kuyambira 2009 mpaka 2014 adayesedwa pa ana oposa 15,000 m'maiko 7 a mu Africa, ndipo malo amodzi mwa malo a kafukufukuyo adali ku Lilongwe. Zotsatira zake zidali zakuti mwa ana amene adalandira maulendo onse anayi, pa malungo 10 aliwonse amene akadadwala, pafupifupi 4 adapewedwa, ndipo pa malungo aakulu 10, pafupifupi 3 adapewedwa.

Pa 23 Epulo 2019 dziko la Malawi lidakhala loyamba padziko lonse kupereka katemerayu kusikelo, kenako Ghana ndi Kenya adatsatira. Kuno adayambira m'maboma 11, ndipo Mchinji idali imodzi mwa mabomawo, pamodzi ndi Ntchisi, Lilongwe, Karonga, Nkhata Bay, Balaka, Mangochi, Machinga, Phalombe, Chikwawa ndi Nsanje.

Ena mukukumbuka kuti nthawi imeneyo zipatala zina zimabaya katemerayu pomwe zina za m'boma lomweli sizimabaya. Sikudali kukondera. Madera adasankhidwa mwa maere, kuti akafukufuku athe kufanizira ana a kumene katemera adafika ndi ana a kumene adali asanafike. Popanda kufanizira kotero, malungo akachepa sitingadziwe ngati chachepetsa ndi katemera, mvula yochepa kapena masikito atsopano. Madera amene adadikirawo adayamba kulandira kumapeto kwa 2022.

Ana oposa 2 miliyoni adalandira katemerayu m'maiko atatuwo. Kumene adafika, imfa za ana a msinkhu wolandira katemera zidatsika ndi 13 pa 100 iliyonse, ndipo ana ogonekedwa m'chipatala ndi malungo aakulu adachepa ndi 22 pa 100. Akafukufuku ankalondanso matenda oumitsa khosi, chifukwa pa kafukufuku woyamba uja padali kukayika kuti mwina katemerayu amawachulukitsa. Atawerengera ana ochuluka chonchi, adapeza kuti sizili choncho. Bungwe loona zaumoyo padziko lonse la WHO lidavomereza katemerayu mu Okutobala 2021. Tinganene mosadzitama kuti amayi a ku Mchinji amene ankapondaponda kupita kusikelo zaka zimenezo adathandiza kutsegulira njira ana a ku Cameroon ndi maiko ena amene adayamba kubaya mu 2024.

Mu Okutobala 2023 WHO idavomerezanso katemera wachiwiri wotchedwa R21, wochokera ku yunivesite ya Oxford, amene amapangidwa ndi kampani ya Serum Institute of India. Amagwira ntchito mofanana ndi woyambayo, nayenso ndi wa maulendo anayi. Ubwino wake waukulu ndi wakuti ndi wotsika mtengo ndipo amapangidwa wambiri.

Mwana wobayitsa akhoza kudwalabe malungo

Apa tisanamizane. Manambala aja akunena okha kuti katemerayu amachepetsa malungo, sawathetsa. Mukamva wina akuti "wanga adabayitsa koma wadwalabe, ndiye katemerayu ndi wabodza", mufotokozereni kuti zimenezi n'zoyembekezeka. Phindu lake lili pakuti ana amadwala kamodzikamodzi, ndipo ochepa ndi amene amafika poikidwa magazi kapena kukomoka.

N'chifukwa chake masikito sachoka pamphasa. Mwana agone m'masikito usiku uliwonse, dzinja ndi chilimwe chomwe, makamaka inu oyandikana ndi madambo a Bua ndi Rusa kumene madzi amakhalitsa. Nawo masikito asintha. Udzudzu udayamba kuzolowera mankhwala amene ankaikidwa m'masikito akale, moti umatha kutera n'kuulukanso uli moyo. Kafukufuku wa ku Tanzania ndi Benin adaonetsa kuti masikito okhala ndi mankhwala a mitundu iwiri amateteza ana kuposa akale aja, ndipo WHO idawavomereza mu 2023. Masikito otere kuwatchingira mbewu kudimba kapena kufunditsa anapiye n'kuluza kwenikweni.

Mwana akatentha thupi, kaya adabayitsa kaya ayi, akayezetse magazi tsiku lomwelo kapena m'mawa mwake, kuchipatala kapena kwa alangizi a zaumoyo kumene kuli chipatala cha m'mudzi. Kuyezako ndi kwa pachala ndipo zotsatira zimatuluka pasanathe theka la ola. Akapezeka ndi malungo amapatsidwa LA, kawiri pa tsiku kwa masiku atatu. Amalize onse ngakhale ataoneka kuti wachira, ndipo azimwa atayamwa kapena atadya, chifukwa mankhwalawa amalowa bwino m'thupi akakumana ndi chakudya cha mafuta. Panado amangoziziritsa thupi, tizilombo timakhala tikuswanabe. Kugawa LA wa mwana mmodzi kuti wina adzamwe mawa n'kumene kumaphunzitsa tizilombo kupirira mankhwala. Akuluakulu akukumbuka kuti kolokwini adasiya kugwira ntchito mpaka boma lidamuchotsa mu 1993, ndipo Fansidar amene adalowa m'malo mwake naye adafooka, n'kubwera LA mu 2007.

Musataye nthawi ndi pang'ono pomwe mwana akamakomoka, akamakana kuyamwa kapena kumwa, akamasanza chilichonse, akalefuka moti sakudzuka, akamapuma movutika, kapena zikhatho ndi m'maso zikayera. Pezani njinga kapena kabaza usiku womwewo. Kukomoka kwa mwana wotentha thupi ambiri timathamangira kuganizira anthu, koma kawirikawiri amakhala malungo ofika ku ubongo, ndipo ali ndi jakisoni wake kuchipatala.

Mwana amene adagonekedwa ndi kuchepa magazi kwambiri amakhala pa chiopsezo miyezi ingapo atatuluka. Kafukufuku wa kuno ku Malawi, ku Kenya ndi ku Uganda adapeza kuti kumupatsa mankhwala a malungo pa nthawi zoikika m'miyezi itatu yoyamba kumachepetsa kubwereranso kuchipatala, ndipo WHO idavomereza njirayi mu 2022. Potuluka m'chipatala afunseni adokotala za chisamaliro cha mwanayo kunyumba ndi tsiku lobwererako.

Nanga amene adaphonya tsiku?

Sayambiranso poyamba. Amapitiriza pamene adalekera. Ngati kabuku kadatayika, kadanyowa kapena kadatsala kumudzi, pitani nayebe mwanayo mukawafotokozere a kusikelo, adzaona m'kaundula wawo kapena adzakufunsani kumene adabayitsa. Abambo, mayi akakhala ndi khanda, mwana wa miyezi 22 uja mukhoza kumukweza panjinga nokha. Agogo amene mwasiyiridwa adzukulu, makolo awo ali ku Lilongwe kapena ku Joni, funsani kabuku pomwe mukulandira mwanayo, ndipo ngati maso sakuonanso bwino, alangizi a zaumoyo a m'dera lanu akuwerengerani kuti tsiku lotsatira ndi liti.