Peyrelebade, munda wa mphesa umene unabala mdima wa Odilon Redon

Kumpoto chakumadzulo kwa mzinda wa Bordeaux ku France kuli chigawo chotchedwa Médoc, dziko lafulati lopanikizika pakati pa nyanja ya Atlantic ndi mtsinje waukulu wa Gironde. Anthu akumwa vinyo amalidziwa bwino dzinali. Koma ukachoka m'mbali mwa mtsinje, kumene kuli minda yotchuka ija, n'kulowera chakunyanja, mphesa zimayamba kuchepa ndipo kumatsala mchenga, madambo, zitsamba ndi nkhalango za paini. M'malire amenewo, pafupi ndi mudzi wa Listrac, ndi momwe muli Peyrelebade. Sanali malo okopa alendo ayi. Koma aliyense wofuna kumvetsa chifukwa chimene Odilon Redon, wojambula zithunzi wa ku France, anathera zaka zoposa 20 akujambula makamaka zithunzi zakuda za makala, pamene anzake ankathamangitsa kuwala kwa dzuwa ndi penti yamitundumitundu, ayenera kuyambira pamundawu.

Redon anabadwira ku Bordeaux pa 20 Epulo 1840. Dzina lake lenileni linali Bertrand, ngati bambo ake, ndipo la Odilon linachokera kwa mayi ake amene ankadziwika kuti Odile. Bambowo anakapeza chuma chawo ku Louisiana, ku America, panthawi imene chuma cha kumeneko chinkayendera thukuta la akapolo, ndipo anakwatira mkazi wa ku New Orleans. Banjali linakwera sitima yapamadzi kubwerera ku France mayi ali ndi pakati. Redon atakula ankaikonda nkhani imeneyi, moti ankati akanakonda akanabadwira pakati pa nyanja, pamalo opanda dziko.

Sanakulire pamiyendo ya mayi ake. Ali wakhanda anamutumiza ku Peyrelebade, kumunda wa banjalo, kumene anayamba waleredwa ndi mayi wina woyamwitsa, kenako wachibale wina wokalamba. Abale ake anali m'tauni, iye ali kumudzi, ndipo sukulu anaiyamba ali ndi zaka 11. Chifukwa chake chinali chiyani? Iye mwini ankangoti anali mwana wodwaladwala. Akatswiri amene anakonza chionetsero chachikulu cha ntchito zake ku Art Institute of Chicago mu 1994 anafufuza m'mabuku akale, ndipo anafika poganiza kuti mwanayo ankadwala khunyu, matenda amene mabanja olemera a nthawi imeneyo ankachita nawo manyazi n'kumawabisa. Ngati zinalidi choncho, ndiye kuti Peyrelebade anali malo obisako mwana. Ena amati nkhani ya mwana wotayidwayi inakometsedwa pambuyo pake, popeza Redon anali ndi luso lokamba za moyo wake mokoma. Mbali ziwirizi sizinagwirizanebe. Chimene sichikanika n'chakuti mnyamatayo ankakhala yekha nthawi zambiri.

Zimene analemba za ubwana wake n'zochepa koma zimakhala m'mutu. Ankakonda kubisala kuseri kwa makatani aakulu ndi m'makona amdima a nyumba. Ankagona chagada pabwalo n'kumaonerera mitambo. Bambo ake akabwera ankamulozera kumwamba n'kumufunsa ngati nayenso akuona zinthu zachilendo zimene mitamboyo ikusanduka. Mwana woleredwa motero, dziko lafulati lopanda phiri lotchinga maso, mitengo yoima payokhapayokha m'tchire: ukadzaona zithunzi zake za makala, mtengo umodzi wouma pakati pa chigwa chopanda munthu, sufunsanso kuti anauona kuti.

Ali ndi zaka 15 anayamba kuphunzira kujambula kwa Stanislas Gorin. Bambo ake ankafuna kuti akhale wolemba mapulani a nyumba, koma mu 1862 analephera mayeso olowera kusukulu ya zaluso ya École des Beaux-Arts ku Paris. Mu 1864 analowa m'kalasi ya Jean-Léon Gérôme, mphunzitsi wotchuka wojambula zinthu mosalala ngati galasi, ndipo awiriwa sanamwerane madzi. Redon anabwerera kwawo ngati munthu wolephera.

Ku Bordeaux komweko n'kumene anapeza aphunzitsi ake enieni, ndipo onse awiri anali anthu osawerengeredwa. Woyamba anali Rodolphe Bresdin, mmisiri wosauka wogoba zithunzi pachitsulo ndi kujambula pamwala, amene nkhalango zake zinkadzaza ndi tizinthu ting'onoting'ono mpaka diso kutopa. Wachiwiri anali Armand Clavaud, katswiri wa zomera. Clavaud anamuonetsa Redon zamoyo zosaoneka ndi maso kudzera pa maikulosikopu, makamaka tija tovuta kunena ngati ndi tizomera kapena tinyama. Anamudziwitsanso maganizo a Charles Darwin, ndi zolemba za Baudelaire, Flaubert ndi Edgar Allan Poe. Apa m'pamene panachokera zija zimadabwitsa anthu: duwa la m'dambo lokhala ndi nkhope ya munthu wachisoni, mutu wa munthu womera minga utadzalidwa m'bokosi ngati chomera. Redon sankangolota. Ankati akatha tsiku lonse akukopera mosamala mwala, udzu kapena khungwa la mtengo, mawa lake m'pamene zachilendozo zinkatuluka zokha. Cholinga chake, m'mawu ake, chinali kutenga malamulo a zooneka n'kuwagwiritsa ntchito potumikira zosaoneka. N'chifukwa chake kangaude wake wosekerera uja wa mu 1881 amaopsa: miyendo yake, ngakhale ili khumi m'malo mwa isanu ndi itatu, imapindika ngati ya kangaude weniweni.

Anamenya nawo nkhondo ya France ndi Prussia ya 1870 mpaka 1871, kenako anakakhazikika ku Paris. Koma chilimwe chilichonse ankabwerera ku Peyrelebade, ndipo ntchito yaikulu ya makala inkagwiridwa kumeneko. Ankafika atatopa ndi tauni, n'kupuma masiku angapo, kuyenda m'tchire, thupi likabwerera m'malo n'kutenga makala. Zithunzizi ankazitcha noirs, kutanthauza zakuda. Amene anazionapo pafupi amadziwa kuti sizakuda bii ngati usiku wopanda mwezi. Ankajambula papepala lachikasu kapena lofiirira, kupaka makala, kutikita ndi chala, kufufuta pena kuti kuwala kutuluke, kuwaza mankhwala ogwiritsa makalawo papepala, n'kupakanso ena pamwamba. Mankhwalawo m'kupita kwa zaka anachititsa mapepala kuoneka ngati golide wakale. Iye ankati mtundu wakuda uyenera kulemekezedwa, chifukwa sunyengerera maso.

Vuto linali lakuti chithunzi cha makala n'chimodzi basi, ndipo ogula kunalibe. Mnzake Henri Fantin-Latour anamuphunzitsa njira yojambula papepala lapadera n'kusamutsira chithunzicho pamwala wosindikizira. Luso limeneli, lithographie m'Chifalansa, limadalira chidani cha mafuta ndi madzi. Umajambula ndi choko chamafuta pamwala wosalala wa laimu, kunyowetsa mwalawo, kenako kupaka inki. Inkiyo imakana pamene panyowa n'kukakamira pamene padutsa choko, ndipo ukapanikiza pepala chithunzi chimatuluka, kangapo konse. Mu 1879, ali ndi zaka 39, anatulutsa mpukutu wake woyamba wa zithunzi 10 wotchedwa Dans le rêve, kutanthauza m'maloto. Anasindikiza makope 25 okha. Munthu wa zaka pafupifupi 40, makope 25: kumeneko ndiye kuyamba mochedwa.

Mipukutu ina inatsatira. Wa 1882 unali wolemekeza Poe, ndipo m'menemo ndi momwe muli diso lija lokwera kumwamba ngati chibaluni litanyamula mutu wa munthu pambale. Anthu a ku Paris zibaluni ankazidziwa bwino, popeza ndi zimene zinkatulutsa makalata mumzindawo utazingidwa ndi adani mu 1870. Mu 1883 kunabwera Les Origines, mu 1885 wolemekeza Goya, wojambula wa ku Spain, ndipo nkhani ya Flaubert ya mayesero a Antonio Woyera anaibwerera katatu, mu 1888, 1889 ndi 1896.

Chodabwitsa n'chakuti amene anamutchukitsa sanali ojambula anzake koma alembi. Mu 1884 Joris-Karl Huysmans anatulutsa buku la nthano lotchedwa À rebours, lonena za munthu wolemera wonyansidwa ndi dziko amene anadzitsekera m'nyumba n'kupachika zithunzi za Redon pakhoma. Achinyamata owerenga bukulo anayamba kufunsa kuti Redon ameneyu ndani. Alakatuli a gulu la Symbolisme, amene ankati luso liyenera kulozera chinthu osati kuchitchula, anamutenga ngati wawo, ndipo Stéphane Mallarmé anakhala bwenzi lake lapamtima. Kutchuka kotere kunali ndi mtengo wake, chifukwa kwa zaka zambiri anthu ankamuona ngati wojambulira mabuku a ena, wa zoopsa ndi maloto oipa, pamene mwiniwakeyo anali bambo wofatsa, wovala bwino, wokonda kuimba vayolini. Chaka chomwecho cha 1884 anathandiza kukhazikitsa Société des Artistes Indépendants, ndipo mu 1886 anaonetsa nawo ntchito zake pachionetsero chomaliza cha gulu la Impressionnisme, ngakhale kuti iye ndi iwo ankayenda njira zosiyana. Iwo ankajambula zimene diso laona panja masana. Iye ankaona kuti kuchita zimenezo n'kudzimana.

Mu 1880 anakwatira Camille Falte, wochokera pachilumba cha Réunion m'nyanja ya Indian, mkazi amene anagwira chuma ndi malonda a panyumba mwamuna akulota. Mwana wawo woyamba, Jean, anabadwa mu 1886 n'kumwalira ali ndi miyezi isanu ndi umodzi. Wachiwiri, Arï, anabadwa mu 1889. Chaka chotsatira Redon anajambula ndi penti nkhope ya munthu wotsinzina ikuyandama pamwamba pa madzi, Les Yeux clos, mumitundu yofewa yotuwira. Boma la France linagula chithunzichi mu 1904, ndipo lero chili kunyumba yoonetserako zithunzi ya Musée d'Orsay ku Paris. Ndimachitchula dala, chifukwa pali nkhani imene anthu amakonda kukamba yakuti Redon anataya munda kenako mitundu inangotulukira tsiku limodzi. Sizinatero. Mitundu inali itayamba kale kulowa pang'onopang'ono, mwana ali m'nyumba.

Komabe kugulitsidwa kwa Peyrelebade kunadula chingwe. Bambo ake anamwalira mu 1874, ndipo mundawo unatsala m'manja mwa banja lonse. Zaka zotsatira zinali zowawa kwa alimi a mphesa ku France konse, chifukwa kachilombo kotchedwa phylloxera, kochokera ku America, kankadya mizu n'kuumitsa minda yathunthu. Munda wosapindula, eni ake ambiri, wina akufuna ndalama, wina akufuna malo: mkangano wa chuma cha masiye umafanana kulikonse. Kwa mayi ake ndi abale ake, Peyrelebade anali katundu wolemetsa. Kwa Odilon anali malo okhawo amene ankagwirako ntchito ndi mtima wonse, ndiponso, mwina, malo amene banja linamutayako iye n'kuwasandutsa ake. Anakangana kwa zaka, ubale unasokonekera, ndipo mu 1897 mundawo unagulitsidwa. Redon anali ndi zaka 57, ndipo anadzimva ngati wazulidwa ndi mizu yomwe.

Apa ndi pamene nkhaniyi imandizunguza mutu. Munthu akalandidwa malo amene amawakonda timayembekezera kuti ntchito yake ide kwambiri. Kwa Redon zinatembenuka. Mu 1899 anatulutsa mpukutu wa zithunzi za m'buku la Chivumbulutso, wosindikizidwa ndi wogulitsa zithunzi Ambroise Vollard, ndipo chitadutsa chaka cha 1900 makala anawasiya. Anatenga choko chamitundu chotchedwa pastel ndi penti yamafuta. Kunabwera maluwa m'miphika, ofiira ndi abuluu owala ngati akuyaka, agulugufe, zigoba za m'nyanja, ngalawa, Buddha ataima pafupi ndi mtengo, akavalo a Apollo, mulungu wa dzuwa wa Agiriki, akukwera kumwamba. Ine ndimaona kuti Peyrelebade ankamudyetsa komanso ankamumanga. Chilimwe chilichonse ankabwerera kukakhala mwana uja wa kuseri kwa makatani, ndipo chitseko chitatsekedwa analibenso kobwerera. Tchuthi anayamba kukachitira ku Saint-Georges-de-Didonne, kutsidya lina la Gironde, kugombe kowala.

Zachilendo zija sizinathe, zinangovala zina. Chimphona cha diso limodzi chimene chimasuzumira kuseri kwa phiri, kuyang'ana mkazi wogona pakati pa maluwa, chomwe chili ku Kröller-Müller Museum ku Netherlands, ndi diso lomwe lija la chibaluni, kungoti tsopano lili ndi manyazi.

Ndalama ndi ulemu zinabwera mochedwa koma zinabwera. Baron Robert de Domecy anamupatsa ntchito yokongoletsa chipinda chodyera m'nyumba yake yaikulu ku Bourgogne mu 1900 ndi 1901. Mu 1903 analandira mendulo ya Légion d'honneur, mu 1904 anapatsidwa chipinda chakechake pachionetsero cha Salon d'Automne, ndipo ojambula achinyamata a gulu la Nabis, monga Maurice Denis ndi Pierre Bonnard, ankamulemekeza ngati mkulu wawo. Mu 1913, pachionetsero cha Armory Show ku New York, panalibe wojambula amene anali ndi ntchito zambiri kuposa iye.

Pakati pa 1910 ndi 1911 mnzake Gustave Fayet, amene anagula nyumba yakale ya amonke ya Fontfroide pafupi ndi Narbonne, anamupempha kuti akongoletse chipinda cha mabuku. Redon anajambula zithunzi ziwiri zazikulu zoyang'anizana, Usana ndi Usiku. Usana ndi wachikasu, muli galeta la dzuwa. Mu Usiku muli mitengo yakuda ndi mitu yoyandama m'mlengalenga ngati ya m'masiku a makala, koma nkhope zake ndi za anthu amene ankacheza naye panyumbapo, kuphatikizapo mkazi wake Camille. Zithunzizi zikadali pakhoma pomwe anaziika.

Anamwalira ku Paris pa 6 Julayi 1916, Arï ali kunkhondo, ndipo anaikidwa ku Bièvres, kumene ankakhala m'chilimwe zaka zake zomaliza. Ku Peyrelebade mphesa zinadzalidwanso ndi eni ena, ndipo vinyo wake amagulitsidwa pansi pa dzina la chigawo cha Haut-Médoc.